Amayi awiri, gawo limodzi: ntchito ya Junko Miyashita ndi mtengo wa kuvula m'mafilimu a ku Japan

M'zaka za 1975 ndi 1976, ku Japan kunatuluka mafilimu awiri ofotokoza nkhani imodzimodzi, ya mayi wina dzina lake Sada Abe yemwe anapha chibwenzi chake mu 1936. Woyamba kusewera gawo la Sada anali Junko Miyashita, wachiwiri Eiko Matsuda. Onse awiri anavula pamaso pa kamera, ndipo onse awiri anasewera mwaluso loti mpaka lero akatswiri a zamakanema amalitchulabe. Koma patangopita zaka zitatu kapena zinayi, Miyashita anali akulandira mphoto zikuluzikulu kwawo, pamene Matsuda, yemwe nkhope yake inadziwika dziko lonse, ntchito inali ikumuthera m'manja. Kusiyanaku sikunabwere chifukwa cha luso. Kunabwera chifukwa cha lamulo, ndalama, ndiponso mmene anthu amaweruzira mkazi mosiyana ndi mwamuna ngakhale onse achite chinthu chimodzi.

Ndikudziwa kuti ena akangomva za mafilimu ovula amatseka makutu. Sindikuwada. Koma amayiwa anali antchito, ankalandira malipiro, ankaloweza mawu, ankadzuka m'mamawa kupita kukajambula, ndipo mbiri ya ntchito yawo iyenera kukambidwa mwaulemu ngati ya wantchito wina aliyense.

Zonse zinayamba ndi kugwa kwa malonda. Mu 1958, nyumba zoonetsera kanema ku Japan zinagulitsa matikiti oposa 1.1 biliyoni m'chaka chimodzi. Kenako TV inalowa m'makomo, makamaka pa nthawi ya ukwati wa mwana wa mfumu mu 1959 ndi masewera a Olimpiki a ku Tokyo mu 1964. Pofika 1970, matikiti ogulidwa anali osakwana gawo limodzi mwa magawo anayi a chiwerengero chija. Mabanja anali atakhala pansi kunyumba. Otsala m'nyumba za kanema anali makamaka amuna, ophunzira ndi antchito osakwatira omwe anasamukira m'mizinda. Makampani ang'onoang'ono anaona msanga chimene TV singaonetse, ndipo kuyambira cha mu 1962 anayamba kupanga mafilimu otsika mtengo a nkhani zakuchipinda, omwe amatchedwa pinku eiga. Filimu yotere inkajambulidwa m'masiku owerengeka ndi ndalama pafupifupi mayeni 3 miliyoni.

Makampani akuluakulu ankawanyoza mafilimuwa, mpaka njala inawafika pakhomo. Kampani ya Daiei inagweratu kumapeto kwa 1971. Nikkatsu, yomwe inakhazikitsidwa mu 1912 ndipo ndi yakale kwambiri pa makampani akuluakulu a kanema m'dzikomo, nayo inali pafupi kutseka. Mu Novembala 1971 inasintha njira n'kuyamba kupanga mafilimu a akuluakulu okhaokha pansi pa dzina loti Roman Porno. Akatswiri ake ambiri otchuka anachoka, poona kuti n'zochititsa manyazi. Amene anatsala anali ojambula, okonza magetsi, omanga zipinda zojambuliramo, ndi achinyamata omwe kwa zaka zambiri anali othandizira chabe. Mwadzidzidzi achinyamatawa anapatsidwa mpata wotsogolera mafilimu awoawo.

Malamulo a kampani anali ochepa. Filimu izitenga mphindi 70 kapena kupitirira pang'ono, ijambulidwe m'sabata imodzi kapena masiku 10, ndipo pafupifupi mphindi 10 zilizonse pazikhala chithunzi cha kuvula kapena cha kuchipinda. Zimenezi zikakwana, mabwana sankalowerera kwambiri pa nkhani yake. Wofuna kukamba za umphawi, za nkhondo, za apolisi kapena za kusungulumwa kwa mayi wapabanja ankatha kutero. N'chifukwa chake pakati pa mafilimu pafupifupi 1,100 omwe anatuluka kuyambira 1971 mpaka 1988 pali ambiri osathandiza konse, komanso pali ochepa omwe amawerengedwa pakati pa mafilimu abwino kwambiri a ku Japan a zaka zimenezo.

Panalinso lamulo la boma, ndipo ili ndi lomwe linaumba ntchito ya amayiwa kuposa china chilichonse. Gawo 175 la malamulo a milandu, omwe analembedwa mu 1907, limaletsa kufalitsa zinthu zolaula, koma silifotokoza kuti cholaula n'chiyani. Pogwira ntchito, apolisi ndi bungwe lounika mafilimu la Eirin anafika pomvana kuti malire ndi ziwalo zobisika: chifuwa chikhoza kuoneka, nkhanza zikhoza kuoneka, koma malo obisika ndi tsitsi lake ayi. Motero m'mafilimu a Nikkatsu munalibe kugonana kwenikweni. Kunali kuyerekezera basi. Osewera ankamata kansalu kapena tepi yotchedwa maebari pamalo obisika, ndipo wojambula ankaika botolo, nyale kapena mwendo wa tebulo pakati pa kamera ndi thupi. Ngakhale zinali choncho, mu Januwale 1972 apolisi a ku Tokyo analanda mafilimu angapo, ndipo akuluakulu a Nikkatsu, wotsogolera filimu Seiichiro Yamaguchi pamodzi ndi ounika a Eirin anaimbidwa mlandu. Khoti linawapeza osalakwa mu 1978, ndipo chigamulochi chinatsimikizidwa mu 1980.

Popeza kamera sinkaloledwa kuonetsa chimene oonera anabwerera, katundu yense anagwera pa nkhope, mawu, mpweya ndi manja a wosewera wamkazi. Iye ndiye ankayenera kuchititsa anthu kukhulupirira. Apa m'pamene luso la Junko Miyashita linaonekera.

Miyashita anabadwira ku Tokyo mu Januwale 1949. Sanaphunzire zisudzo kusukulu iliyonse yotchuka. Ankagwira ntchito yoperekera zakumwa m'sitolo ya khofi pamene anthu a mafilimu anamuona, ndipo mu 1971 anayamba kusewera m'mafilimu a pinku. Chaka chotsatira analowa ku Nikkatsu. Nthawi imeneyo nyenyezi ya kampaniyo anali Kazuko Shirakawa, yemwe anasewera mu filimu yoyamba ya Roman Porno, ya mndandanda wotchedwa Danchizuma. Mafilimu amenewa ankakamba za akazi apabanja okhala m'nyumba zosanjikizana zomwe boma linamanga m'mphepete mwa mizinda, amuna awo akuchoka mbandakucha n'kubwera usiku ali otopa. Shirakawa atasiya ntchito mu 1973 chifukwa cha ukwati, Miyashita ndiye anatenga malo ake.

Akanangokhala pamenepo, bwenzi lero palibe womukumbuka. Chimene chinasintha zinthu n'kukumana kwake ndi otsogolera awiri, Tatsumi Kumashiro ndi Noboru Tanaka.

Mu 1973 Kumashiro anamupatsa gawo la geisha, mkazi wosangalatsa alendo ndi nyimbo ndi magule, mu Yojohan fusuma no urabari. Nkhani yake ikuchitika cha mu 1918, nthawi imene anthu anachita zipolowe chifukwa cha kukwera mtengo kwa mpunga, asilikali a Japan akutumizidwa ku Siberia. Mbali yaikulu ya filimuyi ndi usiku umodzi wa mayiyu ndi kasitomala wake mkati mwa neti yoteteza udzudzu, koma Kumashiro amangodula nkhaniyo n'kuonetsa za kunja: zipolowe, msilikali wotsanzikana ndi bwenzi lake, geisha wachikulire akuphunzitsa mtsikana ntchito. Miyashita amayamba ngati munthu amene ali pa ntchito, wodziletsa, waulemu, wodziwa malire ake, ndiye pang'onopang'ono malirewo amasungunuka. Kusinthako sakuchita ndi mawu ambiri. Magazini ya Kinema Junpo, yomwe imalemekezedwa kwambiri pa zamakanema ku Japan, inaika filimuyi pakati pa mafilimu 10 abwino a chakacho, limodzi ndi mafilimu a makampani omwe ankadzitcha aulemu.

Kenako kunabwera Sada Abe. Mayiyu anabadwira ku Tokyo m'banja lopanga mphasa za tatami. Anagwiriridwa ali mtsikana, ndipo patapita nthawi bambo ake anamupereka ku nyumba ya ma geisha ku Yokohama. Anadutsa m'nyumba za uhule zosiyanasiyana, mpaka mu 1936 anapeza ntchito mu lesitilanti ya Kichizo Ishida, mwamuna wapabanja. Awiriwa anagwa m'chikondi choopsa, nathawira m'nyumba za alendo kwa masabata. Pa 18 Meyi, m'dera la Ogu, Sada anamupha Ishida pomupotokola khosi, nadula ziwalo zake zobisika n'kuyenda nazo mpaka anagwidwa patapita masiku awiri. Analamulidwa kukhala m'ndende zaka 6 ndipo anatuluka mu 1941. Nkhaniyi inagwedeza dziko pa nthawi yovuta kale, chifukwa miyezi itatu m'mbuyomo, pa 26 Febuluwale, gulu la asilikali achinyamata linayesa kulanda boma n'kupha akuluakulu a boma angapo.

Filimu ya Tanaka, Jitsuroku Abe Sada, inatuluka kumayambiriro kwa 1975. Ndalama zinali zochepa, choncho pafupifupi zonse zikuchitikira m'chipinda chimodzi chotseka mazenera. Tanaka anasandutsa kuperewerako kukhala mphamvu, koma yemwe ananyamula filimuyi ndi Miyashita. Sada wake si chilombo. Ndi mkazi wotopa ndi moyo yemwe kwa nthawi yoyamba wapeza chinthu chomwe akuchiyesa chake, ndipo akudziwa kuti chitseko chikangotseguka amulanda. Onani mmene amachitira mwamunayo akangotchula zopita kunyumba kapena kukameta: mawu ake amatsika, kumwetulira kumakhalapo koma maso ayamba kale kuwerenga nthawi. Ndipo mbali imene imandikhudza kwambiri ndi ya pambuyo pa imfa, pamene watsala yekha ndi mtembo, akuuyankhula, akuusamalira ngati munthu wogona. Pamenepo palibenso chokopa aliyense. Pali chisoni chokha ndi misala yachete, ndipo wosewera wopanda luso akanangokuwa n'kugubuduka. Miyashita anasankha kufatsa.

Chaka chotsatira wotsogolera mafilimu wina, Nagisa Oshima, anatulutsa Ai no korida, ya nkhani yomweyi ya Sada. Oshima anali kale wotchuka ngati munthu wosamvera boma, ndipo cholinga chake chinali kuswa malire a Gawo 175 poyera. Anagwirizana ndi Anatole Dauman, wopanga mafilimu wa ku France, kuti filimuyi ikhale ya Chifalansa pa mapepala. Anaijambulira ku Kyoto mobisa, koma makaseti osatsuka ankatumizidwa ku France kukatsukidwa ndi kulumikizidwa, kuti apolisi a ku Japan asapeze choti alande. Mu filimuyi munalibe maebari. Kugonana kunali kwenikweni.

Wosewera Sada anali Eiko Matsuda, wobadwa mu 1952 ku Yokohama, yemwe anachokera m'gulu la zisudzo la Tenjo Sajiki la mlakatuli Shuji Terayama. Sanali wodziwika. Mnzake, Tatsuya Fuji, anali kale katswiri wa mafilimu a Nikkatsu ndi a pa TV. Filimuyi itaonetsedwa pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France, mu 1976 anthu anakanganirana malo, moti anachita kuwonjezera maulendo oionetsa. Ku New York, akuluakulu a kasitomu anailanda isanaonetsedwe pa chikondwerero cha mafilimu. Kwawo ku Japan inatuluka itadulidwadulidwa ndi kuphimbidwa. Boma, polephera kuigwira filimuyo, linaimba Oshima mlandu chifukwa cha buku lomwe munali mawu a filimuyi ndi zithunzi zake. Iye anasandutsa khotilo bwalo lofunsa boma kuti lifotokoze chimene limatcha cholaula ndi chifukwa chake chili mlandu. Anapezeka wosalakwa mu 1979, ndipo khoti lalikulu la ku Tokyo linavomereza zimenezi mu 1982.

Tsono taonani mmene mphoto inagawidwira. Oshima anapambana mlandu, ndipo mu 1978 analandira mphoto ya wotsogolera wabwino ku Cannes ndi filimu yake yotsatira. Fuji anakhala pafupifupi zaka ziwiri osaoneka m'mafilimu, koma anabwerera mu filimu yotsatirayo ya Oshima, anthu namutama kuti ndi wolimba mtima. Wakhala akusewera mpaka ukalamba, ndipo mu 2023 analandira mphoto ya wosewera wabwino pa chikondwerero cha San Sebastián ku Spain. Matsuda, yemwe amaoneka pafupifupi mphindi iliyonse ya Ai no korida ndipo popanda iye filimuyo kulibe, anangopatsidwa magawo ochepa, ambiri mwa iwo ofuna thupi lake lokha. Anasewera mu filimu ya Chifalansa ya Pierre Rissient yomwe inatuluka mu 1982, kenako anazimiririka. Anamwalira mu Malichi 2011 ali ndi zaka 58. Chimene mwamuna anachita chinatchedwa kudzipereka pa luso. Chinthu chomwecho, pochitidwa ndi mkazi, chinasanduka chipsera chosachoka.

N'chifukwa chiyani Miyashita sanagwe m'dzenje lomweli, chikhalirecho anavula m'mafilimu ochuluka kuposa Matsuda? Ine ndikuona zifukwa ziwiri. Choyamba ndi kansalu kaja. Maebari inali yosautsa kuvala, koma inkapatsa aliyense, kuphatikizapo atolankhani ndi opereka mphoto, njira yonenera kuti zimene akuonazo ndi sewero. Matsuda analibe chobisalirapo chotero. Chachiwiri ndi kampani. Miyashita anali mkati mwa situdiyo yomwe inkatulutsa mafilimu mwezi ndi mwezi, ndi antchito omwewo, otsogolera omwewo. Gawo lina likakhala lofooka, lina linkabwera posachedwa. Ankakula pamaso pa anthu, ndipo oonera anafika pomudziwa ngati wosewera wa nkhope zambiri. Matsuda anadziwika ndi gawo limodzi lokha, lalikulu kwambiri moti linamuphimba, ndipo panalibe kampani yomuyimira kumbuyo.

Kumapeto kwa zaka za m'ma 1970, otsogolera a mafilimu wamba anayamba kumufuna Miyashita. Anasewera m'mafilimu a Kihachi Okamoto ndi Hideo Gosha a mu 1978, nalandira mphoto ya Blue Ribbon ya wosewera wothandizira wamkazi. Koma ntchito imene ambiri amati ndiyo yapamwamba pa zonse anaichitira ku Nikkatsu komweko mu 1979, pobwerera kwa Kumashiro mu Akai kami no onna, yochokera pa nkhani yaifupi ya mlembi Kenji Nakagami. Woyendetsa lole ya pa ntchito ya zomangamanga, yemwe anaseweredwa ndi Renji Ishibashi, akutola mkazi wa tsitsi lofiira m'mbali mwa msewu. Mkaziyo satchula dzina lake. Timangomva pang'onopang'ono kuti wathawa mwamuna ndipo wasiya ana. Mvula ikugwa osaleka, ntchito yaima, awiriwo atsekeredwa m'kachipinda kauve, akudya zakudya za m'mapaketi. Miyashita amaseka, amaphika, amakakamira mwamunayo, kenaka mwadzidzidzi n'kuyamba kulira popanda wofunsa chifukwa. Ndi chithunzi cha anthu omwe chuma cha Japan chinawadumpha pa nthawi imene dziko lonse linkasirira mafakitale ake. Filimuyi inalowa pa mndandanda wa Kinema Junpo, ndipo Miyashita analandira mphoto ya Hochi ya wosewera wamkulu wamkazi. Mkazi wochokera m'mafilimu ovula anaposa anzake a m'makampani onse chaka chimenecho.

Pano ndiyenera kuchenjeza, chifukwa nkhani ya Miyashita ikhoza kukometsa zinthu zosayenera kukometsedwa. Mafilimu ambiri a Roman Porno anali a nkhanza kwa amayi. Kunali mindandanda yathunthu yomwe nkhani yake inali kugwiririra, ndipo kawirikawiri ankaonetsa ngati wogwiriridwayo pamapeto pake amakondwera, bodza loipa lomwe limavulaza anthu enieni. Ngakhale Akai kami no onna ili ndi mbali zoterezi zomwe n'zovuta kuzionera. Lamulo lomwe linkatekeseka ndi tsitsi la pamalo obisika silinkaona vuto ndi mkazi womangidwa zingwe akumenyedwa. Olemba, otsogolera, mabwana ndi oonera pafupifupi onse anali amuna. Naomi Tani, yemwe anatchuka ndi mafilimu a zingwe monga Hana to hebi wa 1974, ankapirira zowawa zenizeni m'thupi pojambula, ndipo anasiya ntchito mu 1979.

Makwerero a ntchitoyi nawonso sanali ofanana. Amuna ambiri omwe anaphunzirira ntchito m'mafilimu ovula anakwera n'kukhala otsogolera olemekezeka. Yojiro Takita anayambira m'mafilimu a pinku, ndipo mu 2009 filimu yake Okuribito inalandira Oscar. Masayuki Suo ndi Kiyoshi Kurosawa anadutsanso momwemo. Kwa iwo, mbiriyo imakambidwa ngati sukulu. Mwa amayi mazanamazana omwe matupi awo ndiwo ankagulitsa matikiti, owoloka anali owerengeka: Miyashita, Shirakawa yemwe anabwerera n'kusewera mu filimu ya Shohei Imamura mu 1979, ndi ena ochepa. Otsalawo ankalowedwa m'malo ndi atsikana atsopano zaka zikangopitako pang'ono.

Chimene chinapha Roman Porno si apolisi kapena makhoti. Ndi vidiyo. Kuyambira kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980, makaseti a akuluakulu oonera kunyumba anafala, otsika mtengo kupanga, osafuna nkhani kapena luso la sewero. Nikkatsu inatseka mndandandawu mu 1988. Pofika nthawiyo Miyashita anali atakhazikika kale m'mafilimu wamba, pa TV ndi pa siteji, akusewera magawo a amayi a makomo ndi eni mabala, ntchito imene anapitiriza kwa zaka zambiri.

Funso la yemwe amateteza wosewera wamkazi pa nthawi yojambula zakuchipinda linachedwa kwambiri kufunsidwa ku Japan. Pojambula filimu ya Netflix yomwe inatuluka mu 2021, wosewera Kiko Mizuhara anapempha kuti pakhale munthu wapadera woyang'anira zithunzi zotere, yemwe ntchito yake ndi kumvana ndi wosewera pasadakhale za chimene walola ndi chimene wakana, n'kuonetsetsa kuti wotsogolera sakudumpha malirewo kamera ikayamba kuzungulira. Mu 2022 amayi angapo anaulula poyera za nkhanza zogonana zomwe anakumana nazo m'makampani a mafilimu, ndipo gulu la otsogolera, mmodzi mwa iwo Hirokazu Kore-eda, linapempha kuti zinthu zisinthe. Chaka chomwecho nyumba ya malamulo inakhazikitsa lamulo lopatsa osewera m'mavidiyo a akuluakulu ufulu wothetsa mgwirizano ndi kuletsa kugulitsidwa kwa vidiyo ngakhale itatuluka kale. Gawo 175 lokha lidakalipo, ndipo Ai no korida itaonetsedwanso ku Japan mu 2000, mbali zodulidwa zija zinabwezeretsedwa koma malo obisika anali ophimbidwabe.